Galimoto Yokana Masana

Alamu ake a Namazira sankatha kuyankhula popanda makiyi m'manja. Ankapisa chala m'kamphete n'kumawazunguza, ndipo amene ankawadziwa bwino bambowa sankamvera mawu, ankayang'ana makiyiwo. Akamanena zoona, makiyi ankayenda mwaulesi. Akayamba kukometsera nkhani, ankathamanga mpaka kumawombana. M'mawa umenewo, pabalaza la apongozi, makiyi anali a galimoto ya malemu mwamuna wa Namazira, ndipo ankathamanga zedi.

"Mlamu, musandimve molakwa. Ine sindikukulandani kanthu. Ndikungofuna kuisunga."

"Kusunga kwake kopita nayo ku mpira Loweruka?"

"Galimoto ikamangokhala imachita dzimbiri."

"Kwa ine simangokhala. Imayenda tsiku lililonse."

"Imayenda? Dzulo inayenda? Si anthu anakukankhani pa maloboti, mazira akuchucha m'buti ngati mwaphwanya khola lonse?"

Zinali zoona. Galimoto inazima pakati pa msewu dzuwa lili paliwombo, minibasi zikuimba mahutala kumbuyo. Anyamata omwe anaikankha anaikweza pamwala mwamphamvu, mathireyi a pamwamba n'kugwa. Mazirawo ndiwo anali moyo wa Namazira: ankakawatenga ku famu n'kumagawa m'magolosale, mpaka dzina lake lenileni linaiwalika mumsewu wonse. Atasowa pogwira anaimbira alamu. Iwo anabwera dzuwa litapendeka, osathamanga, n'kupotokola kiyi kamodzi kokha. Galimoto inalira ngati sinalakwepo.

Apongozi anali pampando wawo wa pawindo, miyendo yotupa ataisanjika pa kasitulo.

"Mwana wanga," anatero, "ine za injini sindizidziwa. Koma zimene ndaona ndi maso ndizinena. Chimwalirireni mwamuna wako, galimoto ija yakukana kangati? Uyu akangofika, yalira. Zinthu zimadziwa magazi a eni ake."

"Amayi, chitsulo chili ndi mphuno yonunkhizira magazi?"

"Usandiseke m'nyumba mwanga."

"Sindikuseka. Ndikufunsa kuti ndidziwe."

"Ndinaitsegula ndekha ku galaja," anatero alamu, makiyi ali piringupiringu. "Mapulagi ali bwino, petulo akufika, batire ndi lamphamvu. Ndine makaniko ine, koma zinthu zina si za sipanala. Achimwene sakufuna kuti galimoto yawo iziyendetsedwa ndi munthu wobwera."

Munthu wobwera. Namazira anali atakhala pakhomopo, m'zipinda za kuseri kwa nyumba ya apongozi, mpaka kubereka mwana yemwe tsopano anali pasukulu. Lero anali wobwera.

Apongozi ndiwo anadula nkhani. Lamlungu lomaliza la mwezi abale adzasonkhana. Kufikira tsikulo Namazira aziyenda nayo. Koma ikapitiriza kumukana, makiyi apita kwa alamu, ndipo pasadzamveke kulira kuti amulanda.

Alamu anaponya makiyi patebulo ngati munthu wobwereketsa chinthu chake.

Namazira sanakwiye kwambiri monga ankayembekezera. Chimene chinamugwira chinali chidwi. Ngati galimoto ikumudadi, bwanji imamuda posankha nthawi? M'mawa akamaperekeza mwana kusukulu inkalira kiyi woyamba. Ku famu inkafika bwinobwino, golosale yoyamba, yachiwiri, osatsokomola n'komwe. Mkwiyo wa malemu unkayamba dzuwa likakwera, makamaka pa mzere wa magalimoto. Koma mwamuna wake ali moyo, masana ankagona. Anayamba liti kugwira ntchito nthawi imeneyo?

Anayamba kuiyesa. Tsiku lina anavala jekete la malemu ndi chipewa chawo, kuti mwina galimoto ipusitsike ndi fungo. Anatuluka thukuta mpaka kumsana, ndipo masana inazimabe, kutsogolo kwa butchala. Tsiku lina itazima pakhomo pa golosale, anaitana mwini golosaleyo, bambo wamimba yake ndi ndevu zake.

"Achimwene, tandilizirani. Akuti imakana akazi."

Bamboyo anakhala pampando, napotokola kiyi. Injini inatembenuka, tche-tche-tche-tche, osagwira. Anayesanso mpaka nkhope inachita mafuta.

"Mayi, iyi yakana ndi amuna omwe."

"Zikomo. Ndiye si nkhani ya siketi."

Anakhala pamthunzi n'kumaiyang'ana. Sanaimbire alamu. Anagula botolo la madzi, nacheza ndi mayi wogulitsa nthochi za mitengo ya zinthu ndi za amuna. Boneti itazizira moti n'kuikapo dzanja osalichotsa, analowa napotokola kiyi. Inalira.

Injini inkanjenjemera pansi pa mapazi ake. Kenako anayamba kukumbukira. Alamu sanabwerepo mwamsanga ngakhale kamodzi. Nthawi zonse pankakhala kasitomala woti amalize naye, kapena chakudya choti adye kaye.

"Pitani kwa a Fyuzi," anatero mwini golosale, atatsamira pawindo la galimoto. "Kuseri kwa malo ochapira magalimoto. Ali ndi kamakina kofunsa galimoto chimene chikuipweteka."

A Fyuzi anali bambo wamng'ono thupi, wovala magalasi omangidwa ndi waya wofiira mbali imodzi. Malo awo anali kontena yodzaza ndi mawaya olendewera ngati zovala pachingwe. Anamvetsera nkhani yonse, ya jekete yomwe, akuseka mwakachetechete.

"Ndiye akuti ndi mzimu?"

"Akutero."

"Mizimu imabwera yambiri kuno, mayi. Ina ndimaitulutsa ndi sipanala ya teni. Takhalani pa chiwongolero. Tsegulani kiyi koma musalize. Nyale zonse ziyake."

Namazira anatsegula. Tinyale tinayaka pa dashibodi: ka batire, ka oilo, ka lamba.

"Nanga ka injini kali kuti? Kachikasu, kooneka ngati mpopi wa madzi?"

"Sindikukaona."

A Fyuzi analowetsa mutu pawindo, nakankhira magalasi m'mwamba. Pakona ya galasi la dashibodi panali kasitika kabuluu kolembedwa kuti AMBUYE TSOGOLERENI.

"Aka munamata ndinu?"

"Alamu. Galimoto itachoka ku galaja kwawo. Anati ndi ka chitetezo pa ulendo."

"Ndingakamatule? Ambuye sakhumudwa, amatsogolera ngakhale popanda guluu."

Anakanyamula ndi chikhadabo. Pansi pake kanyale kachikasu kanali ngwee, ndipo atailiza injini sikanazime.

"Kanyale aka ndi pakamwa pa galimoto," anatero a Fyuzi. "Kakayaka injini ikulira, ndiye kuti ikudandaula. Iyi yakhala ikufuula, koma wina anaitseka pakamwa."

Kwa Namazira funso linatsogola mkwiyo.

"Ikudandaula chiyani?"

A Fyuzi anagwada, nalumikiza kamakina kawo pa soketi ya pansi pa chiwongolero. Anadina apa ndi apo, n'kumutembenuzira kagalasi. Panalembedwa P0340.

"Imeneyi ndi khodi. Kompyuta ya galimoto ikaona cholakwika imasunga nambala. Iyi ikunena za sensa ya kamushafuti."

"Mwayankhula, koma sindinamve kanthu."

"Chabwino. Bwerani kuno." Anatsegula boneti. "M'kati umu, pamwamba pa injini, muli chitsulo chachitali chozungulira. Ndicho chimatsegula ndi kutseka timakomo tolowetsa mpweya ndi totulutsa utsi. Chimenecho ndiye kamushafuti. Tsono kompyuta ili kutali, siona m'kati. Imadalira kakazitape aka." Analoza kanthu kakuda kapulasitiki, kakang'ono ngati chala chachikulu, komangidwa ndi bawuti imodzi m'mbali mwa injini. "Kameneka kamaiuza kuti chitsulo chija chafika pati, kuti ithire petulo ndi kuyatsa moto pa nthawi yake. Kakasiya kulankhula, kompyuta imasowa chochita. Galimoto zina zimayendabe motsimphina. Yanuyi imangoti basi, ndakhala pansi."

"Ndiye tigule kena."

"Ayi, mayi, musathamange. Khodi sinanene kuti sensa yafa. Yanena kuti mawu a sensa sakufika. Munthu akapanda kuyankha foni, mwina wamwalira, mwina foni yatha moto, mwina khoswe wadya waya. Tiyambe ndi khoswe."

Anatsatira mawaya ndi zala kuchoka pa sensa mpaka pomwe analowa m'mtolo waukulu, akuwapinda pang'onopang'ono. Panalibe pothyoka kapena popsa. Anazula pulagi ya sensa n'kumuonetsa timano titatu ta m'kati.

"Aka kamabweretsa magetsi, aka ndi kobwezera, aka ndiye kamanyamula uthenga. Gwirani mita yoyezera magetsi iyi. Muziwerenga ndinu, maso anga ndi a dzana."

Namazira anagwira mita ija ngati mwana wakhanda. A Fyuzi anakhudza waya woyamba, nambala zinadumpha n'kukhazikika.

"Faifi."

"Magetsi akufika. Kobwezera nakonso kali bwino. Ndiye chakudya akukapatsa, njira ndi yabwino. Tsopano tione ngati kakugwira ntchito."

Anabwezera pulagi, nabaya waya wa uthenga ndi kasingano kolumikiza ku mita, n'kuliza injini. Nambala zinkasinthasintha mosalekeza.

"Mukuona? Kakulankhula. Pano n'kozizira, ndiye n'kaulemu. Tiyeni tikadikire katenthedwe."

Anaisiya ikulira padzuwa, boneti atatseka. A Fyuzi anawiritsa tiyi pa kachitofu ka magetsi komwe mawaya ake Namazira sanafune kuwayang'anitsitsa. Anafunsa mafunso mpaka bamboyo anati, "Mayi, mukufuna kundilanda kontena?" Chifukwa chiyani kutentha? Chifukwa m'kati mwa sensa muli tizitsulo topyapyala kuposa tsitsi. Tikakalamba, kutentha kukatifutukula timalekana, tikazizira timagwirananso. Nanga makaniko wamba angadziwe zimenezi? A Fyuzi anapemerera tiyi wawo kaye.

"Makaniko aliyense amadziwa kuti galimoto yozima ikatentha n'kulira ikazizira ili ndi matenda a dziko lino. Mwina sangadziwe kuti ndi sensa iti. Koma kanyale kaja sangakaphonye."

Ali pakati pa tiyi, injini inagwedezeka kawiri n'kuzima.

"Wafika mzimu uja. Thamangani, lizani!"

Namazira anapotokola kiyi. Tche-tche-tche-tche. A Fyuzi anamuonetsa mita kudzera pagalasi: nambala zinali zii, osasuntha. Kenako anaviika kansanza m'madzi ozizira n'kukakulunga pa sensa pokha, osakhudza china chilichonse. Anadikira pang'ono, nakaviikanso.

"Yesaninso."

Galimoto inalira. Namazira anaseka mokweza mpaka anyamata ochapa magalimoto anasuzumira. Kanali koyamba kuseka chotero chiikireni maliro.

Sensa yatsopano anaipeza mawa lake ku sitolo ya zipangizo. A Fyuzi anaiyerekeza ndi yakale, timano ndi kutalika, nati ndi yomweyo. Atatenga sipanala kuti amange, Namazira anawagwira mkono.

"Musamange. Ndiphunzitseni kumanga ndekha. Kenako mubwezerepo yakaleyo."

"Yakufayo? Mayi, mwadwala?"

"Ndili ndi msonkhano Lamlungu."

A Fyuzi anamuyang'ana pamwamba pa magalasi, kenako anamupatsa sipanala. "Zimitsani kiyi kaye, nthawi zonse. Dinani kakhutu aka, pulagi ituluke. Bawuti imodzi. Kokani mopotokola. Kamphira ka yatsopanoyo mukapake oilo pang'ono kuti kasang'ambike. Pomanga musalimbe ngati mukulanga munthu, ndi pulasitiki iyi. Ndipo injini yotentha imaluma, mutenge nsanza. Mukatha mudzabwere ndidzafufute khodi, kanyale kazime."

Namazira anabwereza mpaka manja anazolowera.

Lamlungu lija abale anadzaza pakhonde la apongozi, mipando ina yobwereka kwa aneba. Namazira anatuluka m'mawa n'kuzungulira tauni yonse popanda chifukwa, kukwera mitunda, kuima pa mizere. Dzuwa litafika pamutu anakhotera kunyumba. Galimoto inamuchitira ulemu waukulu: inalowa pageti, n'kugwedezeka, n'kuzima pakati pa bwalo, pamaso pa aliyense.

Azakhali ena anagwira pakamwa. Apongozi anapukusa mutu mwachisoni. Alamu anaimirira akumwetulira.

"Abale, mwadzionera nokha. Ine sindiwonjezerapo."

Namazira anatsika, nayenda mpaka pakhonde, nawapatsa makiyi ndi manja awiri.

"Alamu, ndagonja. Ilizeni, muiimike bwino pamthunzi. Ndi yanu."

"Aa, mlamu, zothamangira chiyani? Tikhale pansi kaye, timwe tiyi, tikambirane monga banja."

"Tiyi sathawa. Yatseka njira, ana akufuna kusewera."

"Ndati tidzaichotsa bwino lake."

"Iwe, talowa uichotse," anatero apongozi. "Nkhani ithe, miyendo ikundiwawa."

Alamu anayenda kupita ku galimoto ngati munthu wopita kukachotsa dzino. Anakhala pampando, nakonza galasi lomwe linali bwinobwino, nakankha mpando kumbuyo, naubwezanso. Maso awo anagwera pa dashibodi pomwe panali kasitika, n'kupezapo kanyale kachikasu kakuwayang'ana. Anapotokola kiyi.

Tche-tche-tche-tche.

Anapondaponda. Anayesanso. Tche-tche-tche-tche.

"Mwina sinakuoneni bwino," anatero Namazira. "Tulutsani mutu pawindo, inunkhize magazi."

Wina pakhonde anaseka n'kusandutsa chifuwa.

"Batire lafooka," anatero alamu.

"Lija munati ndi lamphamvu? Tatulukani, musalimalize. Zimitsani kiyi."

Namazira anatsegula boneti, natulutsa m'chikwama chake cha m'manja nsanza, sipanala ndi kabokosi. Abale anatsika pakhonde n'kumuzungulira. Chitsulo chinamuwotcha pa chala, iye anangoyamwa chalacho n'kupitiriza. Pulagi, bawuti, kukoka mopotokola. Anakweza sensa yakale m'mwamba kuti onse aione.

"Amayi, mzimu uja ndi uwu. Ukatentha umasiya kulankhula, ukazizira umayambiranso. N'chifukwa chake alamu ankabwera mochedwa nthawi zonse. Ndipo galimoto inkanena yokha kuti ikudwala, ndi kanyale kaja, koma anakamata ndi dzina la Ambuye."

Anamanga yatsopano, nadina pulagi mpaka inati tswa. Analowa, napotokola kiyi. Injini inalira bwino, mosadodoma, dzuwa lili pamutu.

Namazira anatsika akupukuta manja. Ankaganiza kuti wina anena kanthu kwa alamu. Anayang'ana azakhali, azakhali ankayang'ana nyerere pansi. Anayang'ana apongozi. Nkhope yawo inali itauma.

"Ndiye unadziwa kale," anatero apongozi. "Unadziwa, n'kudikira kuti abale asonkhane kuti umuvule mlamu wako pagulu."

"Amayi, iwo ndi amene ananama. Ananamizira mwana wanu ali m'manda."

"Akanama ndimudzudzula ine, m'nyumba. Si iwe, pabwalo, ndi sipanala m'manja ngati mwamuna."

"Komanso tisasocheretsane," anatero alamu, mawu atabwerera. "Sensa kapena mzimu, galimoto ndi ya achimwene anga. Ya banja lino. Kulira kwake sikusintha zimenezo."

"Zoona," anatero azakhali aja, maso akadali pa nyerere. "Katundu ndi wa pakhomo."

Namazira anayang'ana kanthu kakuda kali m'dzanja lake, kakadali kofunda. Masabata onsewo ankaganiza kuti akapeza chimene chikuzimitsa galimoto, nkhani itha. Tsopano anaona kuti a pakhondewa sanafunepo kudziwa chimene chikuizimitsa. Mzimu ukanakanika, akanapeza china.

"Zimitsa, uike makiyi patebulo," anatero apongozi. "Tikambirana mitima ikazizira."

"Ndamva, amayi."

Sanazimitse. Anadutsa pambali pa nyumba kupita kuseri, injini ikulira kumbuyo kwake. M'chipinda anatsitsa chikwama chachikulu pamwamba pa wadilopu, nachigwedeza fumbi. Anaikamo zovala zake, mayunifolomu a mwana, nsapato za kusukulu, mabulangete awiri, chithunzi cha ukwati chopanda felemu. Mapoto anawasiya, chifukwa mkulu wake, yemwe ankakhala tsidya lina la tauni, anali nawo okwanira, ndiponso anali ndi mpanda wokhala ndi geti lokhoma. Anaitana mwana pawindo kuti asiye masewera akasambe m'mapazi.

Ndodo ya apongozi inamveka ikugogoda pa simenti. Anaima pakhomo akupuma movutikira, nayang'ana chikwama, nayang'ana mpongozi wawo.

"Ukuchita chiyani?"

"Ndikulongedza, amayi."

"Anthu ali pakhonde akukudikira."

"Apatseni tiyi."

"Ndiye galimoto ya mwana wanga ukupita nayo?"

Namazira anakanikiza zovala ndi bondo kuti zipi igwire.

"Mwana wakenso ndikupita naye, amayi. Ameneyo bwanji palibe amene waitanitsa msonkhano?"

Namazira anakoka zipi mpaka kumapeto, nakweza chikwama paphewa, n'kuima mwaulemu kudikira kuti amupatse njira.